Dzina Lachisanu

Magetsi abwera cha m'ma naini.
Nkhotakota yense akuthamangira kutchaja mafoni,
ine ndathamangira kagemu kanga ka m'manja,
kong'aluka pakona,
komwe ndinagula ndi ndalama ya mpunga wa chaka chatha
mayi akundiyang'ana ngati ndagula njoka.

Netiweki ya kwathu ndi mkamwini wamanyazi:
m'nyumba salowa, pakhonde amangosuzumira.
Ndiye ndimakwera mulu wa njerwa
kuseri kwa chigayo cha a Mbwana,
bandulo ya usiku ndagula, udzudzu uli m'makutu,
zala zamanthu zili chire.

Mayina akuyaka, limodzilimodzi.
Twaibu ku Joni,
wangoweruka kotsuka magalimoto, mano akugundana ndi chisanu.
Asiyatu ku Mzuzu, wafunda bulangete mpaka kumutu,
akunong'ona kuopa amatironi.
Lonjezo ku Kanengo, mlonda wa pageti,
diso lina kwa akuba, lina kwa ife.

"Mwafika nonse?"
"Tilipo, aise."
Basi takumana,
m'dziko lopanda minibasi, lopanda chiphaso,
momwe ukafa umangodikira masekondi khumi
n'kudzukanso mfuti ili m'manja.

Twaibu amathamangabe osacheuka
monga ankachitira pa mpira wachikulunga ku Linga.
Asiyatu amatukwanabe mwaulemu.
Ine ndimauma gwa pakati pa nkhondo
netiweki ikapita kokamwa madzi,
pobwerera ndapeza andipha kale kawiri,
anzanga akufa nalo phwete.

Koma pali dzina lachisanu.
Ganizani.
Milungu isanu ndi umodzi lili mbuu ngati phulusa.
Tinkati wasowa ya bandulo.
Tinkati wapeza chibwenzi, atisiye.
Palibe anamuimbira.

Lero layaka.

Takuwa tonse, agalu a pachigayo n'kuvomera.
"Mfiti iwe, unalowera kuti?"
Zii.
Kamunthu kake kalumpha khoma
lomwe Ganizani sanalilumphepo chibadwire,
kagwetsa atatu osaphonya,
chonsecho Ganizani wathu amaphonya ngakhale chitseko.

Kenako timawu tachilendo, ta mwana:
"Pepani akuluakulu.
Bambo anga ndi a pinyolo kumsika.
Eni ake anasiya aka, ankafuna ya mankhwala a mayi awo.
Tsiku lowombola linadutsa."

Ku Joni kwadutsa galimoto ya polisi, tayimva tonse.
Ku Mzuzu wina watsokomola.
M'gemumo taima anayi pambalambanda,
adani n'kumatitola ngati ngumbi.

"Sewera, mwana iwe," watero Asiyatu.
"Ukhale kumanzere kwanga. Usathamange ngati Twaibu."
Ndipo tapambana,
koyamba mwezi uno,
chipambano chozizira ngati tiyi wa dzulo.
Palibe wajambula kuti akadzitame nacho.

Batire yafiira.
Mayina akuzima monga anayakira.
Ndatsika panjerwa, thako lachita dzanzi,
ndikuwerengera mumdima:
ku Joni ndi masiku awiri pabasi,
koma Twaibu ndamumva akupuma.
Lonjezo ndamumva akutafuna chimanga chokazinga.
Kwa Ganizani n'kungowoloka Kaombe,
kukhota pa mtengo wa mango wopserera mbali imodzi,
ulendo woti thukuta silifika n'kumsana komwe,
ine milungu isanu ndi umodzi
ndakhala pa njerwa za eni
kudikira kuti dzina liyake.

Mawa ndipopa matayala.
Ndinyamula shuga wa theka, sopo,
ndi kagemu kong'alukaka m'thumba la malaya.
Akakafuna, tizikalandirana,
wina akafa wina atenge,
monga tinkachitira ndi njinga ya abambo ake
tisanatalike kufikira mapedulo.
Akapanda kufuna, tikangokhala.

Sindikudziwa ngati mayi aja adakali moyo.
Sindikudziwa poyambira.
Ndikangoima pabwalo, chipewa m'manja,
n'kunena mawu aja osafuna bandulo:

Odi kuno.